Mapu a Kuseri kwa Paketi

Kuseri kwa paketi ya mbewu za maluwa
imene mlamu wanga Zakeyu anabwera nayo kuchokera ku Joni
kuli mapu a dziko limene sindinalipondeko,
odulidwa mizeremizere ngati chitenje,
mzere uliwonse ndi nambala yake.
Zakeyu akuti nambalazo zimayeza chisanu:
mbewu iyi ipirira kuzizira kufika pati isanafe.
Ndinaseka mpaka kutsamwa.
Kuno ku Chingodzi chisanu ndi mlendo wa masabata atatu,
amafika mu Juni, sapempha n'komwe bulangete lachiwiri,
m'mawa kukacha wapita osatsazika.
Chimene chimapha kuno palibe anachijambula.

Ndinatsika kuchokera ku Ulongwe
ndi kamtengo ka pichesi m'chitini cha mafuta ophikira,
nditakafungatira pamiyendo mu chapa
ngati khanda lopita kusikelo.
Kwathu mu Julayi mame amauma n'kuyera pa masamba a kachewere,
mpweya wa m'kamwa umaoneka ngati utsi.
Ndinkati dothi ndi dothi basi.

Ndinkadzuka tambala asanalire,
kukagula madzi pampopi, chigubu mametikali asanu,
theka langa, theka lake.
Kanaphuka. Kanandinamiza miyezi inayi.
Kenaka Okutobala anafika, miyala ya kuphiri n'kuyamba kupuma moto,
phula la pamsewu n'kumata patapata,
Zambezi ali apo, wodzaza, wosatiyang'ana n'komwe.
Masamba anapindika ngati makutu a mbuzi yodwala.
Lachiwiri lina ndinathyola kanthambi: phwa!

Mayi Anastansiya a kuseri kwa mpanda, ogulitsa ayisi,
anasuzumira nati, m'Chinyungwe chosakaniza ndi chathu:
"Mtengo wakowo sunafe ndi ludzu.
Wafa ndi kusowa tulo.
Mitengo ya kwanu imagona kukazizira, n'kudzuka ndi maluwa.
Kuno igona liti?"
Sindinayankhe. Nanenso ndinali ndi mwezi wathunthu
ndikutembenuka pamkeka pabwalo, maso gwa.

Ndiwo anandiphunzitsa kuwerenga chaka chafutambuyo.
Fesa mu Epulo. Idya repu mu Julayi.
Okutobala usakangane naye, alibe makutu.
Anandipatsa ndodo youma ya chammwamba:
"Ingozika, uiwale."
Lero yapitirira denga.

Tsopano ndili ndi mapu anga,
ndinawalemba ndi khala pakhoma la khitchini.
Nambala wani: pansi pa msawu, mthunzi mpaka masana,
apo mpiru umalimba mtima.
Nambala thuu: kuseri kwa bafa, kumene madzi a sopo amatsetserekera,
nthochi imodzi ndi kholowa wosamva kukalipira.
Nambala firii ndi bedi lofunditsidwa neti yakale ya udzudzu,
udzu wouma pamizu, mabotolo ozondotsa obooledwa ndi msomali,
matimati anayi amene ndimawapukuta fumbi la malasha a ku Moatize
ndi kansanza konyowa, tsamba ndi tsamba.
Pafupi ndi mpanda wa malata sindinalembepo nambala.
Apo ngakhale buluzi amadutsa chothamanga.
Therere yekha ndiye amaimapo, manja m'chiuno.

Paketi ya Zakeyu sindinaitsegulebe.
Ndinaipanikiza kudenga, ikudikira Meyi.
Mwina. Tiona.

Chitini chija sindinataye.
Ndinadzalamo tsabola wa kambuzi,
ndipo iye kutentha ndi kwawo.
Amayi akaimba foni Lamulungu
amayamba ndi mvula, kenaka maliro a m'mudzi,
kenaka, mawu atatsika: "Nanga mtengo wathu uja?"
Ndimayang'ana chitinicho, thukuta likutsika m'khosi,
n'kunena kuti, "M'chitini muja mukubala, amayi.
Zing'onozing'ono, koma zofiira psuu."